Michael Nyqvist tinamudziwira kumapeto

Mu John Wick yoyamba ija, ya 2014, muli kamphindi kamene kamaposa nkhonya ndi zipolopolo zonse za mufilimumo. Viggo Tarasov, mkulu wa zigawenga za ku Russia mumzinda wa New York, wamva kuti mwini galaja wina wamenya mwana wake. Akumuimbira foni, mawu ali pansipansi, chifukwa ndi munthu wozolowera kuti akafunsa kanthu anthu amanjenjemera. Mwini galaja uja akuyankha mosabisa kuti mnyamatayo waba galimoto ya John Wick, katswiri wakupha anthu amene anasiya ntchitoyo, waphanso galu wake. Viggo sakukalipa. Akungotulutsa kamawu kamodzi, n'kudula foni. Ukali wonse wathera pomwepo, ndipo woonera akudziwa kuti bamboyu wazindikira kuti mwana wake wadziputira imfa. Keanu Reeves, amene akusewera ngati John Wick, sanaombe mfuti ngakhale imodzi, koma mantha atigwira kale.

Amene anatigwiritsa mantha amenewo sanali wa ku Russia. Dzina lake ndi Michael Nyqvist, wa ku Sweden. Pamene filimuyo inkatuluka anali ndi zaka 53, ndipo zaka zitatu zisanakwane anali atamwalira. Ambiri a ife tinamudziwira pamenepo, kapena mu Mission: Impossible ya 2011, ndipo tinamuika m'gulu la azungu aja oyankhula Chingerezi cholemera amene ntchito yawo ndi kufa filimu ikamatha. Zimandipweteka ndikaganiza zimenezi, chifukwa munthuyu anali atagwira kale ntchito zaka zoposa makumi awiri kwawo, ndipo ntchito imeneyo ndi imene imaonetsa luso lake lenileni.

Anabadwira ku Stockholm pa 8 Novembala 1960. Mayi ake anali a ku Sweden, bambo ake a ku Italy, ndipo sanaleredwe ndi aliyense wa awiriwa. Ali khanda anasiyidwa kunyumba yosungirako ana, kenako banja lina linamutenga n'kukamulera ku Lidingö, chilumba cha anthu opeza bwino pafupi ndi Stockholm. Anadziwa akadali mwana kuti amene amawatcha bambo ndi mayi si amene anamubereka. Kwathu kuno mwana makolo akalephera kumulera nthawi zambiri amapita kwa agogo, kwa amalume kapena kwa azakhali, ndiye ngakhale avutike amadziwabe mudzi wake ndi mfunda wake. Nyqvist anakula wosadziwa nkhope ya munthu ngakhale mmodzi wa magazi ake. Nkhani imeneyi ndibwereranso nayo, chifukwa iye mwini anabwerera nayo atakula.

Ali ndi zaka 17 anapita kukaphunzira chaka chimodzi ku Omaha, m'chigawo cha Nebraska ku America, ndipo kumeneko ndi kumene anayamba kulawa zisudzo, atapatsidwa kagawo kakang'ono m'sewero la Arthur Miller lotchedwa Death of a Salesman. Atabwerera kwawo anayesa sukulu ya gule wa ballet, koma anaisiya patangotha chaka. Pambuyo pake analowa sukulu ya zisudzo ya ku Malmö, kummwera kwa dzikolo, m'zaka za m'ma 1980. Kuchokera pamenepo panadutsa zaka zambiri za masewero a pasiteji ndi timagawo ta apa ndi apo. Sweden ndi dziko la anthu ochepa, nthawi imeneyo sankafika n'komwe 9 miliyoni, choncho wazisudzo sangadalire mafilimu okha. Lero ali pasiteji, mawa pa wailesi ya kanema, mkuja mufilimu, ndipo anthu omwewo amakumana konsekonse. Nyqvist anadzafika mpaka ku Dramaten, nyumba yaikulu ya zisudzo ya ku Stockholm imene Ingmar Bergman, katswiri wotsogolera mafilimu, anaitsogolerapo. Anthu wamba anayamba kuzolowera nkhope yake mu 1997, atasewera ngati wapolisi John Banck m'magawo oyambirira a Beck, sewero la apolisi ofufuza milandu, pamodzi ndi Peter Haber ndi Mikael Persbrandt. Anali ndi zaka 36, ndipo sanali mwini nkhani.

Chitseko chinatseguka mu 2000 ndi Tillsammans, filimu ya Lukas Moodysson. Nkhani yake ikuchitika mu 1975. Mayi wina, Elisabeth, watopa ndi mwamuna wake Rolf, chidakwa chimene chamumenya, ndipo watenga ana ake awiri kupita kwa mlongo wake Göran, amene akukhala m'nyumba imodzi ndi gulu la achinyamata okana chuma, okana nyama, okangana usiku wonse za ndale ndi za amene atsuke mbale. Nyqvist ndi Rolf, mwamuna wosiyidwa uja, wokonza mapaipi a madzi.

Gawo lotere n'losavuta kuliwononga. Ukhoza kumusandutsa chilombo kuti oonera amude mopanda vuto, kapena kumusandutsa wachisoni kuti aiwale zimene anachita. Nyqvist sanachite chilichonse mwa ziwirizi. Pali pamene Rolf akutenga ana ake kupita nawo kulesitilanti ya Atchaina, akufuna kuwaonetsa kuti akadali bambo wabwino. Akuyesetsa kwambiri, akuyankhula kwambiri, akumwa, ndipo zinthu zikusokonekera mpaka apolisi akumutenga ana akuona. Chimene chimandigwira mtima si phokoso lake ayi, koma kuti m'maso mwake ukuona kuti akudziwa kuti akuwononga, ndipo sakutha kudziletsa. Ndani wa ife sanamuonepo bambo wotere, wobwera ndi kajumbo ka switi kwa ana amene akumuopa? Kenako Rolf akupalana ubwenzi ndi mkulu wina wokhala yekha, Birger, amene amawononga dala mapaipi a m'nyumba mwake kuti wokonza abwere apeze wocheza naye. Amuna awiri osungulumwa akhala patebulo. Kuyambira pamenepo Rolf akuyamba kudzikonza pang'onopang'ono, kusiya mowa, kusesa m'nyumba. Filimuyo imamukhululukira msanga kuposa mmene ine ndikanachitira, ndipo ndimakayikabe ngati mayi wanzeru akanamulandiranso. Koma Nyqvist amakuchititsa kukhulupirira kuti munthuyu akufunadi kusintha, ngakhale sukudziwa ngati adzatha.

Patatha zaka ziwiri anasewera ngati Benny mu Grabben i graven bredvid, yochokera m'buku la Katarina Mazetti. Benny ndi mlimi wa ng'ombe za mkaka, wosakwatira, amene akukumana ndi mkazi wamasiye wogwira ntchito kulaibulale chifukwa manda amene aliyense amayendera ali moyandikana. Wina ndi wa mabuku, wina wa ndowe ndi kudzuka m'mamawa kukakama. Gawo limeneli linamupatsa Guldbagge, mphoto yaikulu ya mafilimu ku Sweden, monga mwamuna wosewera bwino kuposa onse.

Koma ngati mungaonere filimu imodzi yokha ya munthuyu, ikhale Så som i himmelen ya 2004, imene anaitsogolera ndi Kay Pollak.

Nyqvist ndi Daniel Daréus, wotsogolera magulu akuluakulu a oimba, wotchuka dziko lonse, amene mtima wake wamugwetsa pasiteji. Akusiya zonse n'kubwerera kumudzi umene anabadwira, kumpoto kozizira kwa Sweden, kumene anachokako ali mwana chifukwa anzake ankamuzunza. Dzina linasintha, ndiye palibe akumuzindikira. Akugula nyumba imene kale inali sukulu, akufuna kungokhala chete. Abusa a pamudzipo akumupempha kuti akangomvetsera kwaya ya kutchalitchi, ndipo mapeto ake akuitenga.

Ndinakulira m'kwaya ya mpingo, choncho nditaona kwaya ya mufilimuyi ndinaizindikira nthawi yomweyo ngakhale ikuimba m'Chiswidishi. Wina akuchedwa, wina foni ikulira pakati pa nyimbo, wina akufunsa nthawi ya khofi nyimbo isanafike n'komwe pakati. Muli wamalonda wolongolola amene wakhala akuseka mnzake wonenepa kuyambira ali ana, mpaka tsiku limene mnzakeyo akuphulika ndi mkwiyo wa zaka zonsezo. Muli Tore, mnyamata wa maganizo ochedwa, amene ena akufuna kumuthamangitsa koma Daniel akumva kuti ali ndi liwu. Daniel sakuyamba ndi manotsi. Akuwauza kuti aliyense ali ndi liwu lakelake ndipo ayambe alipeza, akuwagoneka pansi, akuwaphunzitsa kupuma ndi kumvetserana. Ndipo mmene mawu akutseguka, zinsinsi za pamudzi nazo zikutseguka.

Chachikulu mwa zinsinsizo si chinsinsi n'komwe. Gabriella, amene akusewera ndi woimba Helen Sjöholm, amamenyedwa ndi mwamuna wake Conny, ndipo mudzi wonse ukudziwa. Kwaya yathu nayo inali ndi Gabriella wake, mayi wa alto wa liwu lozama bwino. Masiku ena ankabwera ku pulakatisi duku atalitsitsa mpaka pachikope, n'kunena kuti anagunda chitseko usiku. Ankaima pamzere wake, buku la nyimbo atalikweza pang'ono kuposa masiku onse, n'kuimba osaphonya. Aliyense ankadziwa dzina la chitsekocho. Mufilimu muja Daniel akulembera Gabriella nyimbo yoti aimbe yekha pamaso pa mudzi wonse, nyimbo yonena kuti moyo wake ndi wake. Anaipeka ndi Stefan Nilsson, mawu analemba ndi Py Bäckman, ndipo mpaka lero makwaya m'mayiko ambiri amaiimba. Pamene Sjöholm akuimba, mphindi yonseyo ndi yake. Nyqvist akungomumvetsera, ndipo kumvetsera kwakeko kukukuuza kuti nawenso umvetsere.

Luso lake linali pamenepo. Daniel ndi munthu woti anthu zikwi amamuombera m'manja, koma sadziwa kupalasa njinga, ndipo sangathe kuuza mkazi kuti amamukonda. Lena, mtsikana wa m'kwaya amene akusewera ndi Frida Hallgren, ndi amene akumuphunzitsa zonse ziwiri. Nyqvist akusewera manyazi a munthu wamkulu popanda kuwasandutsa nthabwala. Mapewa ali m'mwamba, maso akuthawa, kenako kumwetulira kukubwera mochedwa, mosayembekezeka, n'kusintha nkhope yonse. Conny, womenya mkazi uja, ndi yemwe ankamuzunza ali mwana, ndipo akakumana maso ndi maso umaona katswiri wa dziko lonse akubwerera kukhala kamnyamata kamantha.

Filimuyi ili ndi zofooka zake. Shuga wachuluka m'malo ena, ndipo abusa aja anawajambula moipa mopitirira muyeso, ngati kuti munthu wa tchalitchi sangakhale china koma wansanje ndi wachinyengo. Zimenezo sindigwirizana nazo. Komabe anthu opitirira miliyoni imodzi anakaionera ku Sweden kokha, inafika pa mndandanda wa mafilimu asanu a zinenero zina opikisana pa Oscar mu 2005, kumene inagonja kwa Mar adentro ya ku Spain, ndipo m'nyumba ina ya mafilimu ku Sydney inaonetsedwa pafupifupi zaka ziwiri osaichotsa. Anyamata athu omasulira mafilimu m'Chichewa amakonda za nkhonya ndi mfuti chifukwa n'zimene zimayenda malonda, ndipo sindiwaimba mlandu. Koma ndikukhulupirira ndi mtima wonse kuti wina atamasulira iyi, amayi a kwaya ndi a chigwirizano akanaikambirana mwezi wathunthu.

Kutchuka kwa dziko lonse kunabwera mu 2009. Stieg Larsson, mtolankhani wa ku Stockholm, anamwalira mwadzidzidzi mu Novembala 2004 asanaone mabuku ake atatu a Millennium atasindikizidwa. Mabukuwo anagulidwa mamiliyoni, ndipo atawasandutsa mafilimu, Nyqvist anasankhidwa kukhala Mikael Blomkvist, mtolankhani wofufuza. Yoyamba, Män som hatar kvinnor, imene ambiri amaidziwa ndi dzina lakuti The Girl with the Dragon Tattoo, anaitsogolera ndi Niels Arden Oplev wa ku Denmark, ndipo ziwiri zotsatirazo Daniel Alfredson. Zonse zitatu zinatuluka chaka chimodzi, ndipo mu 2010 zinaonetsedwa pa wailesi ya kanema m'magawo asanu ndi limodzi otalikirapo, amene anapata mphoto ya International Emmy.

Aliyense amene anaziona amakumbukira Noomi Rapace monga Lisbeth Salander, mtsikana katswiri wa makompyuta amene akuthandiza Blomkvist kufufuza, ndipo n'zoyenera. Koma anthu akamayamikira ndiwo sakumbukira mafuwa amene anagwira mphika. Blomkvist waluza mlandu woipitsa mbiri ya munthu wachuma, ndipo mkulu wina wolemera, Henrik Vanger, akumulemba ntchito yofufuza za mtsikana wa m'banja lake amene anasowa zaka pafupifupi 40 zapitazo. Gawo lalikulu la filimuyo Nyqvist akungowerenga mapepala akale m'kanyumba kozizira. Pali pamene wapeza zithunzi za chionetsero cha mumsewu cha tsiku limene mtsikanayo anasowa, ndipo akuziyendetsa pa kompyuta chimodzichimodzi, mpaka akuona nkhope ya mtsikanayo ikusintha ataona munthu wina tsidya la msewu. Palibe chophulika. Ndi munthu wa zaka pafupifupi 50 akuyang'ana zithunzi, koma mtima wako ukugunda. Ndipo ngozi itamugwera, si iye amene akudzipulumutsa, ndi Lisbeth. Amuna ambiri otchuka sakanalola gawo lawo kukhala lotero. Nyqvist anampatsa mnzake malo onse, ndipo n'chifukwa chake ubale wa awiriwo umakhulupirika: mtsikana amene amuna amupweteka moyo wake wonse wapeza mwamuna mmodzi amene sakufuna kumulamulira.

Filimu yoyambayo inapeza ndalama zoposa madola 100 miliyoni padziko lonse, inapatanso mphoto ya BAFTA. Hollywood itaona zimenezo inaipanganso mu 2011, David Fincher akutsogolera, Daniel Craig ali Blomkvist. Anakajambulira ku Sweden komweko, mayina a anthu ndi malo ali omwewo, koma onse akuyankhula Chingerezi. M'chaka chomwecho Nyqvist, mwini gawo lija, anali mu Mission: Impossible – Ghost Protocol monga Kurt Hendricks, wofuna kuyambitsa nkhondo ya mabomba a nyukiliya. Anampatsa mawu ochepa kwambiri, ndipo chimene anthu amakumbukira ndi ndewu yake ndi Tom Cruise m'nyumba yosanja yoimikamo magalimoto ku Mumbai. Mu Abduction, ya chaka chomwechonso, anali chigawenga chothamangitsa mnyamata. Mu 2013 sewero lake la pa wailesi ya kanema ya ABC, Zero Hour, linachotsedwa pa ndandanda patangotha magawo atatu.

Sindikunena kuti analakwa kupita. Ndalama za kumeneko n'zambiri, ndipo munthu amene wadikira mpaka zaka 50 ali ndi ufulu wofuna kuona kuti angafike pati. Chimene ndikudandaula ndi kuchepa kwa zimene anamupempha. Munthu wodziwa kusewera manyazi, chisoni ndi chikondi chosatha kudzifotokoza nthawi zambiri ankafunsidwa chinthu chimodzi chokha, kuopseza. Taonani nkhani ya Chile. Mu 2007, mu Svarta nejlikan, anali Harald Edelstam, kazembe wa Sweden ku Chile amene anapulumutsa anthu ambiri asilikali a Pinochet atalanda boma mu 1973. Mu 2015, mu Colonia, pamodzi ndi Emma Watson ndi Daniel Brühl, anali Paul Schäfer, Mjeremani amene ankalamulira mudzi wotsekeredwa wa Colonia Dignidad, kumene ankazunza ana ndiponso kulola apolisi achinsinsi a Pinochet yemweyo kuzunzirako akaidi. Dziko limodzi, nthawi imodzi, koma atangotchuka kunja anamusamutsira mbali ya ozunza.

Chimodzimodzi mu Madiba, sewero la 2017 la pa wailesi ya kanema ya BET lonena za moyo wa Nelson Mandela, mmene Laurence Fishburne ndi Mandela ndipo Nyqvist ndi Hendrik Verwoerd, nduna yaikulu ya South Africa kuyambira 1958 mpaka 1966, mmisiri wa malamulo a tsankho. Agogo athu ambiri amene anapita ku Joni kudzera ku Wenela anagwira ntchito m'migodi pansi pa malamulo a munthu ameneyo. Dziko la kwawo kwa Nyqvist linali mbali inayo: Sweden inathandiza ANC ndi ndalama kwa zaka zambiri, ndipo Mandela atangotuluka m'ndende mu 1990 anapita ku Stockholm kukaona Oliver Tambo amene ankalandira chithandizo kumeneko.

Viggo Tarasov ndi wosiyana ndi zigawenga zina zonsezo chifukwa mwa iye Nyqvist anapezamo bambo. Munthuyu akudziwa kuti mwana wake Iosef ndi chitsiru, akumumenya nkhonya ya m'mimba chifukwa cha uchitsiruwo, komabe ndi mwana wake, ndipo ayenera kumuteteza ngakhale akudziwa kuti sizitheka. Pomaliza akumupereka kuti apulumutse moyo wake, ndipo manyazi a chinthu chimenecho akumutsata mpaka filimu kutha. Ndikamamuona ndimaona Rolf uja wa kulesitilanti ya Atchaina, atangovala suti yodula.

Za ubambo anazidziwa kuchokera mbali zonse ziwiri. Mwana wake woyamba atabadwa, funso limene analisunga kuyambira ali mwana linadzuka, ndipo anayamba kufunafuna amene anamubereka. Anawapeza, bambo ake ali ku Florence ku Italy, kumene anapezanso abale amene sankadziwa kuti alipo. Ulendowo anaulemba m'buku lake loyamba, När barnet lagt sig, limene linatuluka nthawi yomwe mafilimu a Millennium ankamutchukitsa. Sindikufuna kunena kuti luso lonse la munthu limachokera pa bala limodzi, chifukwa ana ambiri oleredwa ndi ena sakhala azisudzo, ndipo iye anaphunzira ntchito yake kusukulu ndi pasiteji kwa zaka zambiri. Koma ndikamaona mmene ankasewerera anthu olowa m'chipinda osadziwa ngati alandiridwa, Daniel pakhomo la tchalitchi, Benny pakati pa anthu a mabuku, Rolf pakhomo la nyumba imene mkazi wake wathawirako, ndimaganiza kuti kuima pakhomo kotereku ankakudziwa bwino.

Anamwalira pa 27 Juni 2017 ndi khansa ya m'mapapo, ali ndi zaka 56, ndipo anasiya mkazi ndi ana atatu. Anagwira ntchito mpaka pafupi ndi mapeto, moti mafilimu ena anatuluka iye atapita kale. Mu Hunter Killer ya 2018 analinso munthu wa ku Russia, kapitawo wa sitima yapansi pa madzi, ngakhale ulendo uno anali munthu waulemu wake.

Yomaliza kutuluka mwa zikuluzikulu inali A Hidden Life ya Terrence Malick, mu 2019. Ndi nkhani yoona ya Franz Jägerstätter, mlimi wa ku Austria amene anakana kulumbira kuti adzamvera Hitler, ndipo anaphedwa mu Ogasiti 1943. Asanamangidwe, mlimiyo anapita kwa bishopu wa ku Linz kukafunsa ngati Mkhristu angamenye nawo nkhondo yosalungama. Nyqvist ndi bishopuyo, ndipo akuoneka kwa mphindi zochepa chabe. Akumuuza mlimiyo za udindo wake ku dziko ndi ku banja lake, mawu amene munthu wa udindo wake amayenera kunena nthawi imeneyo. Koma akuwanena mwa mantha, posadziwa ngati mlendoyo si kazitape, ndipo ukuona kuti akudziwa kuti mlimi wosaphunzirayo ndi amene akunena zoona. Malick anamufuna pa chinthu chimene Moodysson anamufunira zaka 16 m'mbuyomo, munthu wodziwa choyenera koma wosowa mphamvu zochichitira, ndipo m'mphindi zochepazo Nyqvist anachipereka chonse. Filimuyo inajambulidwa mu 2016, chaka chimodzi asanamwalire, ndipo inaonetsedwa koyamba ku Cannes mu Meyi 2019.